Mawu a m'mawa: Anakweza munthu amene ankatsika

Mwadzuka bwanji abale ndi alongo mwa Ambuye? Ndakulonjerani motsitsa mawu dala, chifukwa pa Miyambo 27:14 pali chenjezo loti munthu wodalitsa mnzake mofuula m'mamawa, dalitso lakelo limamveka ngati temberero. Vesi imeneyi imandiseketsa, koma imandibayanso, ine amene ndimatumiza mawu pagulu nkhuku zisanatuluke m'khola. Munthuyo sanatukwane. Mawu ake ndi a dalitso ndithu, mtima wake ndi wabwino. Kungoti mnzake uja anali m'tulo, ndipo iye sanaganizeko zimenezo.

Lero tiyambira kutali pang'ono, ku France, m'sitima ya pamtunda. M'chaka cha 1992 katswiri wina wa zisudzo wa kumeneko, Sam Karmann, anapanga kafilimu kotchedwa Omnibus. Kafilimuko sikakwana n'komwe mphindi 10, koma chaka chomwecho kanapata mphoto ya Palme d'Or ya mafilimu afupiafupi ku Cannes, ndipo mu 1993 kanatenganso Oscar ku America. Pa Chifalansa, omnibus ndi sitima imene imaima pa siteshoni iliyonse, ngakhale yaing'ono, kusiyana ndi zija zothamanga zimene zimangoima m'matauni akuluakulu. Nkhani yonse yagona pa dzinali.

Bambo wina wakwera sitima yake ya masiku onse kupita kuntchito. Wakhala pansi mtima uli m'malo. Kondakitala atabwera kudzaona matikiti akumuuza kuti ndondomeko ya maulendo inasintha, sitima imeneyi siimanso pa siteshoni imene iye amatsikira, ingodutsa. Bambo uja mutu waima. Akapitirira achedwa kuntchito, akachedwa amuchotsa, ndipo ntchito ikatha ndiye kuti ndi zapakhomo zomwe zasokonekera. Akuyamba kuchonderera. Kondakitala akukana, pakuti lamulo ndi lamulo ndipo sitima si minibasi yoti ungomenya chitseko n'kuima. Koma munthu wadandaula mpaka kondakitala mtima wafewa, ndipo nkhani ikufika kwa woyendetsa sitima. Kuimitsa sangaimitse, koma akuvomera kuchepetsa liwiro akafika pa siteshoni ija kuti munthuyo adumphe.

Amene munatsikapo pa lole ikuyenda mukudziwa mmene zimakhalira. Sutsika n'kuima chilili, ungagwe chafufumimba. Thupi limakhala likadali ndi liwiro la galimoto, ndiye umayenera kuthamanga kulowera komwe galimotoyo ikupita mpaka miyendo itakhazikika. Bambo uja wachita zomwezo. Wadumpha bwinobwino, mapazi agunda pansi, akuthamanga m'mbali mwa sitima, mabogi akumudutsa limodzi ndi limodzi. Wapulumuka! Koma pakhomo la bogi la kumbuyo pali munthu. Waona bambo akuthamanga wefuwefu m'mbali mwa sitima yoyenda, ndipo mumtima mwake wati, wachedwa mnzangayu, sitima imusiya. Watambasula dzanja, wamugwira, wamukokera m'kati. Sitima yawonjezera liwiro, ulendo.

Anthu amaseka pamenepa, ndipo ine ndinaseka mpaka misozi. Koma nditamaliza kuseka ndinakhala duu. M'filimu yonseyi mulibe munthu woipa. Amene wawononga zonse ndi munthu wachifundo, wochangamuka, wamphamvu, amene sanawerengere zoti nayenso akhoza kugwa. Madzulo ake n'kutheka kuti anakasimba kunyumba kuti lero ndathandiza munthu. Kondakitala ndi woyendetsa sitima anathandiza atamva kaye nkhani ya mwini wake. Wa kumbuyoyu anangoona ndi maso, n'kudzilembera yekha nkhani m'mutu mwake, n'kuyamba kuthandiza munthu wa m'nkhani yakeyo, pomwe munthu weniweni anali pa ulendo wina. Akuluakulu anati safunsa anadya phula. Chopweteka apa n'chakuti phulalo analidya ndi wina, wosafunsayo anapita kwawo ali wokondwa.

Tsegulani Marko 10, kuyambira vesi 46. Yesu akutuluka mu Yeriko ndi khamu la anthu, ndipo m'mphepete mwa njira mwakhala Bartimeyu, mwana wa Timeyu, wosaona, wopemphapempha. Wamva kuti akudutsa ndi Yesu wa ku Nazarete, wayamba kufuula kuti Mwana wa Davide amuchitire chifundo. Anthu akumukalipira kuti akhale chete, iye akufuulirafuulira. Yesu waima, wati muitaneni. Munthu uja wataya chofunda chake, wadzambatuka, wafika. Ndiyeno Yesu akumufunsa kuti, "Ukufuna kuti ndikuchitire chiyani?"

Kale funso limeneli linkandidabwitsa. Ambuye, simukuona? Munthu ndi wosaona, angafunenso chiyani? Ngakhale mwana wamng'ono m'khamumo akanatha kuyankha. Ndipo Yesu amadziwa za mumtima mwa munthu, sanafunikire kuuzidwa. Koma anafunsabe. Tangoganizani zaka zimene Bartimeyu anakhala pamsewu paja. Anthu ankamuponyera zimene iwo afuna, pa nthawi imene iwo afuna. Ankamugwira mkono n'kumukhazika pamene iwo aona kuti sakutchinga njira. Mphindi zochepa zapitazo amamuuza kuti atseke pakamwa. Tsopano, pamaso pa anthu omwewo, Mwana wa Mulungu waimitsa ulendo wake, wamupatsa mpata woti alankhule yekha za moyo wake. Bartimeyu anayankha kuti, Mphunzitsi, ndikufuna ndione. Ine ndimati munthuyu anayamba kuchira pa funso lija, maso anachita kutsatira.

Sikuti zinangochitika kamodzi. Pa thamanda la Betesda, pa Yohane 5, panali munthu amene anadwala zaka 38, ndipo Yesu anamufunsa ngati akufuna kuchira. Pa Chivumbulutso 3:20 akuti waima pakhomo ndipo akugogoda. Mwini dziko lonse, amene analenga mtengo umene anapalira chitsekocho, akugogoda n'kudikira. Ife tikakhala ndi thumba la ufa m'manja timaona ngati tapatsidwa kiyi wa nyumba ya mnzathu.

Musaganize kuti kufunsa ndiye kuvomera chilichonse. M'mutu womwewo wa Marko 10, pa vesi 36, Yesu anafunsa funso lomweli kwa Yakobo ndi Yohane, ana a Zebedayo. Iwo anapempha mipando, wina kudzanja lamanja wina kumanzere mu ulemerero wake. Sanawalonjeze mipandoyo. Anawamvetsera, n'kuwauza kuti sakudziwa chimene akupempha.

Ndikuuzeni za ine mwini, kuti musaone ngati ndikuloza ena chala. Zaka zingapo zapitazo mayi wina amene timapemphera naye anandiuza zapambali kuti amuna awo akudwala ndipo zinthu pakhomo sizili bwino. Anandiuza motsitsa mawu, titatsalira awiri. Ine chifundo chinandigwira. Usiku womwewo ndinalemba pagulu lathu la WhatsApp kuti abale tipempherere banja lakuti, bambo akudwala matenda akuti, ndipo amene angathe aponyeko kangachepe. Anthu anayankha ndi maamen ambirimbiri, ndalama zinasonkhedwa, ndipo ndinagona ndikudziona ngati mtumiki wokhulupirika. Kutacha mayi aja anandiimbira. Sanakalipe, ndipo mwina zikanandipepukira akanakalipa. Anangoti, "Zikomo kwambiri chifukwa cha mtima wanu. Kungoti bambo anali asanauze abale awo, ndiye amvera kwa anthu." Anakhala miyezi osabwera kutchalitchi. Iwo ankafuna munthu mmodzi woti apemphere naye mwakachetechete, ine ndinawaimika pabwalo. Ndinapita kukapepesa, koma mukudziwa kuti pepani sapoletsa chilonda. Pamene ndinkaona dzanja lija likutuluka pakhomo la bogi la kumbuyo, ndinalizindikira. Linali langa.

Pali lamulo lina m'Chipangano Chakale limene sindinamvepo likulalikidwa paguwa, koma ndimalikonda kwambiri. Pa Deuteronomo 24:10-11 Mose akuuza Aisraeli kuti ukakongoza mnzako kanthu, usalowe m'nyumba mwake kukatenga chikole. Uime panja, mwini wakeyo ndiye akutulutsire. Tamvani bwino. Wokongoza ndi iwe, ndalama ndi zako, munthuyo ali m'manja mwako. Koma Mulungu akuti phazi lako lithere pakhomo. Umphawi wake sunachotse chitseko pa nyumba yake. Ukalowa udzaona mphika wopanda kanthu, mphasa yong'ambika, ana ogona ndi njala, zinthu zimene iye sanafune kuti uone, ndipo udzayamba kusankha ndi maso ako chimene utenge. Mavesi otsatira akuwonjezera kuti ngati munthuyo ndi wosauka ndipo chikole ndi chofunda chake, um'bwezere dzuwa likamalowa kuti afunde usiku. Mulungu amene analamula kuti tithandize osauka ndi yemweyo amene anawaikira mpanda woti othandizafe tisalumphe.

Ife tili ndi mawu amodzi amene amanyamula zonsezi, odi. Ngakhale nyumba ikhale yopanda chitseko, ngakhale mwini wake ukumuona ali pakhonde, umaima potero n'kunena kuti odi, n'kudikira kuti akuyankhe. Afalansa nawo ali ndi zawo. Kumeneko ukalowa m'sitolo umayamba wapereka moni, bonjour, usananene chimene wadzera, ndipo wosatero amamuona ngati wopanda khalidwe. Ali ndi vous wolemekeza ndi tu wa anthu ozolowerana, monga ife tili ndi inu ndi iwe, ndipo sulumphira ku tu ndi munthu wamkulu kapena wachilendo mwachisawawa. Mawu awo opemphera, s'il vous plaît, ukawamasula amatanthauza kuti ngati kukukomerani. Mitundu ya anthu inazindikira kalekale kuti pakati pa ine ndi mnzanga pali kamalire, ndipo powoloka pamafunika chilolezo. Chodabwitsa n'chakuti odi timamukumbukira tikamapita kukapempha. Tikamapita kukapereka timangolowa.

Taonani mmene Boazi anachitira ndi Rute. Mkazi wamasiye, mlendo wochokera ku Mowabu, akukunkha barele m'munda mwake. Boazi anali ndi chuma, akanatha kumuitana pamaso pa antchito onse n'kumusenzetsa thumba. M'malo mwake, pa Rute 2:15-16, akuuza anyamata ake kuti amulole akunkhe ngakhale pakati pa mitolo, asamuchititse manyazi, ndipo azisolola dala ngala zina m'mitolo n'kuzisiya pansi kuti iye atole. Madzulo Rute anabwerera kwa Naomi ndi barele wokwana pafupifupi efa, muyeso wa mbewu wa Aisraeli, wokunkha ndi manja ake, mutu uli m'mwamba. Ndikamaona zithunzi za pa Facebook, agogo atakhalitsidwa pansi, paketi ya shuga ndi botolo la mafuta ophikira zili pamiyendo, opereka ataimirira kumbuyo akumwetulira, ndimadzifunsa ngati alipo amene anawafunsa agogowo kuti, kodi tikujambuleni? Mwina anafunsidwa. Koma munthu amene shuga ali kale pamiyendo pake angakane bwanji?

Apa ndiye pali mbali ina ya nkhaniyi, ya ife amene timakokedwa. Ambirife tinaleredwa kuti mphatso sakana, wamkulu sayankhidwa, mlendo sabwezedwa. Ndi ulemu wabwino ndipo sindikuunyoza. Koma ulemu womwewo umatisandutsa anthu onena zikomo pamene tikupwetekedwa. Wachibale wabwera kuti akhala masiku atatu, mwezi wachitatu uno, mlendo amene amati ndi mame uja wasanduka mvumbi, ndipo inu mumangodandaulira kuchipinda. Mnzanu wakupezerani ntchito imene simunaifune, wakusankhirani mwamuna, wakulemberani dzina mu komiti, ndipo inu mwangoti chabwino chifukwa choopa kumukhumudwitsa. Mapeto ake mumayamba kumuzemba munthu amene munkamukonda. Miyambo 25:17 inaona zimenezi kale, ikuti phazi lako lisamaponde kawirikawiri m'nyumba ya mnzako, angatope nawe n'kuyamba kudana nawe. Chidani chotere chimamera mwakachetechete pamene wina sakufunsa ndipo winayo sakunena.

M'Baibulo muli nkhalamba ina imene inakana mphatso ya mfumu, ndipo inakana mokoma. Dzina lake Barizilai, wa ku Gileadi. Pamene Davide ankathawa mwana wake Abisalomu, Barizilai anam'patsa chakudya ku Mahanaimu, pakuti anali munthu wolemera. Nkhondo itatha, Davide akubwerera kwawo, akumuuza pa mtsinje wa Yordano kuti tiyeni ku Yerusalemu ndikakusungeni. Ulemu waukulu umenewo, ambiri akanauthamangira. Koma werengani 2 Samueli 19:31-39 mumve yankho lake. Akuti ndili ndi zaka 80, kodi ndimamvanso kukoma kwa chakudya ndi chakumwa? Kodi makutu angawa angamvenso mawu a oimba? Ndikakhaliranji mtolo kwa mbuye wanga mfumu? Mundilole ndibwerere, ndikafere mumzinda wanga pafupi ndi manda a bambo ndi mayi anga. Ndiyeno akuloza munthu wina, dzina lake Kimuhamu, kuti, uyu ndiye apite nanu, mukamuchitire zimene zikukomerani. Nkhalambayi sinanyoze mphatso, ndipo sinanamizire kuti ikuifuna. Inanena zoona, inaperekeza mfumu mpaka kuwoloka mtsinje, n'kubwerera. Davide naye sanakakamize, sanati mwandichititsa manyazi pamaso pa anthu anga. Anamupsompsona, anamudalitsa, anamulola apite. Davide yemweyo ali mnyamata anavulapo zida za nkhondo zimene mfumu Sauli anamuveka, n'kunena kuti sindingathe kuyenda nazo, sindinazizolowere. Ankadziwa kuti mphatso ya mfumu ikhoza kukulemera.

Paulo naye polembera Filemoni za Onesimo, kapolo wa Filemoniyo, akuti, ndikanakonda kumusunga kuno kuti azinditumikira, koma sindinafune kuchita kanthu popanda iwe kuvomereza, kuti ubwino wako usakhale wokakamiza koma wochokera mumtima. Ndi vesi 14 ya kakalata kaja. Mtumwi wamkulu, ali m'ndende, akufunika thandizo, koma akuyamba wapempha chilolezo.

Ndikudziwa kuti wina akuwerenga akuti, nanga Msamariya uja anafunsa? Sanafunse ayi. Munthu anali thapsa pamsewu wa ku Yeriko, ali pafupi kufa, ndipo pamenepo kufunsa kukanakhala kupusa. Mwana akathamangira pamsewu umamugwira, nyumba ikamapsa sunena odi. Ndipo tinene mwachilungamo, munthu wa m'bogi uja anali ndi kamphindi kochepa kwambiri, sitima ikuyenda, ndiye sindimuweruza kwambiri. Ndikanakhala ine ndikanakokanso. Koma ife nthawi zambiri sitima siikuyenda. Tili ndi tsiku lonse, sabata yonse, foni ili m'manja. Mayi aja ndikanatha kuwafunsa usiku womwewo kuti, kodi ndiuzeko anzathu kapena zikhale pakati pathu? Sizikanatenga ngakhale mphindi imodzi. Sindinafunse chifukwa ndinali nditatsimikiza kale kuti ndikudziwa chimene akufuna, ndiponso, ndivomere pamaso pa Mulungu, chifukwa ndinkafuna kuti gulu lione kuti ndine woyamba kuthamanga. Ndikuopanso wina amene angatenge mawu a lerowa ngati chobisalirapo, n'kumati poti sanandipemphe ine sindipereka. Ayi m'bale, wansembe ndi Mlevi analambalala, ndipo Yesu sanawayamikire. Pita, kaime pakhomo, kagogode.

Anzake a Yobu, Elifazi, Bilidadi ndi Zofari, anachita bwino masiku 7 oyamba. Anakhala naye pansi usana ndi usiku osanena kanthu, poona kuti ululu wake unali waukulu. Zinayamba kuvuta atatsegula pakamwa n'kuyamba kumufotokozera Yobu za moyo wa Yobu.

Tiyeni tipemphere. Atate, Inu amene mumagogoda pakhomo la mtima wathu ngakhale muli mwini wake, tikuyamikani chifukwa cha tsiku latsopanoli. Tikhululukireni pamene tinakokera anthu kumene sankapita, tikuyesa tikuwathandiza. Chiritsani amene tinawavulaza ndi chifundo chathu, ena mwa iwo sitikuwadziwa n'komwe chifukwa anangoti zikomo. Amene akulemedwa ndi zinthu zimene akuopa kukana, apatseni mawu okoma ngati a Barizilai. M'dzina la Yesu Khristu, amen.

Mayi aja anabwereranso kutchalitchi, ndipo amuna awo anachira, Mulungu alemekezeke. Timapatsana moni bwinobwino, timaseka, koma sanandiuzeponso kanthu zapambali, ndipo sindikuwaimba mlandu. Mwezi wathawu ndinamva kuti mwana wawo wabwezedwa kusukulu chifukwa cha fizi. Chala chinathamangira pa foni monga kale, koma ndinaibweza m'thumba. Masana ano ndikaweruka ndidzera kwawo, ndikaima pa mpanda n'kunena odi. Akandilandira ndikafunsa ngati pali chimene angafune kuti ndichite, ndipo akati palibe, ndikamwa madzi n'kutsanzika.